Nthawi ya a Jenerale

Mapulani onse opusa a pa Rivirivi amabadwira pansi pa mtengo wa mango, kuseri kwa nyumba ya Maness, botolo lachiwiri la kachasu likafika pakati. Amene ndikufuna kukuuzaniwa anabadwa botolo lachitatu litatha, choncho musayembekezere zanzeru.

Mwini mapulaniwo anali Clever, koma dzina limeneli ankaliitana ndi mayi ake okha kwawo ku Utale. Kwa ena tonsefe anali a Jenerale. Anatulukira pa Rivirivi atavala jekete yamawangamawanga ndi jombo zosiyana zingwe, pakamwa podzaza nkhani za usilikali. Ankati anamenya nkhondo kunja, kunkhalango kumene njoka zake zimameza mbuzi ndi chingwe chomwe. Mukawafunsa dzina la dzikolo, ankayang'ana uku ndi uku n'kunong'ona kuti, "Zimenezo ndi zachinsinsi cha boma." Palibe anaonapo chithunzi kapena chiphaso, koma munthu woyenda atatulutsa chifuwa ndani angamupemphe umboni?

Amene anakhulupirira kuposa aliyense anali Maness mwini. Anali mayi wamasiye, wolimbikira, amene anakulira pa siteshoni ya sitima ku Balaka akugulitsa mazira owiritsa m'mawindo. Anakana mphunzitsi, anakana wogula thonje, onse powauza mawu amodzi, akuti anatopa ndi amuna abodza. A Jenerale anawalola chifukwa ankakhulupirira kuti msilikali sanama. Chinkhoswe anachiika Lamulungu, ndipo a Jenerale anali atalonjeza pamaso pa ankhoswe kuti tsikulo lisanafike, katundu wawo wa ku usilikali afika: mapanelo a sola ndi mabatire ake, kuti Maness asiye kupsa ndi moto wa kachasu, azigulitsa zozizira ngati mayi wa m'tauni.

Tsopano linali Lachitatu. Katundu wa ku usilikali kunalibe, monganso usilikaliwo.

"Asilikali anga," anatero a Jenerale, akugogoda botolo ndi chala, "Loweruka tili ndi opareshoni."

Asilikaliwo anali awiri. Woyamba anali Dave, wotchedwa Netiweki, wa kabenchi koika nyimbo m'mafoni pamsika, amene anthu ankamuyesa dolo wa makompyuta chifukwa ankadziwa pokanikiza kuti nyimbo isamuke. Wachiwiri anali Noah, wotchedwa Thirakitala, chimunthu chonyamula matumba awiri a feteleza nthawi imodzi, koma ganizo limodzi lokha limamulemera. Ankayendetsa ngolo ya abulu ya amalume ake.

"Dilu yake ndi yotani, bigi?" anafunsa Netiweki.

"Sitolo ya kopaletivi."

Apa ndikufotokozereni. Alimi a mthirira a m'mbali mwa Rivirivi ali ndi kopaletivi, ndipo bungwe lina linawapatsa mapanelo, mabatire ndi mapampu. Poopa akuba, bungwelo linaikanso chitseko chachitsulo chopanda loko, chogwidwa ndi maginito, ndi sairini padenga. Zonsezi zimamvera kompyuta ya muofesi ya kalaliki, mayi wina dzina lake Ethel. Kompyuta ikati tseguka, chitseko chimakankhika ndi chala ndipo sairini imagona. Ikati tsekeka, olo mubwere ndi nyundo.

"Kompyuta imeneyo ndimaidziwa ngati thumba langa," anatero Netiweki. "Sisi Ethel amandiitana ikayamba kuchedwa. Muli timabokosi tiwiri: kena umalemba nthawi yotsegula, kena yotseka. Basi."

"Nanga alonda?" anafunsa Thirakitala.

"A Ganizani?" A Jenerale anaseka. "Loweruka kuli fainolo. Anyamata a kwa Kawinga akubwera kudzalimbirana mbuzi ndi timu yathu, 3 koloko. A Ganizani ndi amene amaimba ng'oma ya timu. Pa Rivirivi padzatsala nkhuku zokha. Ife tilowa 3 koloko, titulutsa katundu mwaulemu, 5 koloko chitseko chidzitseka chokha. Lolemba adzaganiza kuti ndi mizimu."

"Shapu. Ndiye ndikaika 3 PM mpaka 5 PM."

A Jenerale anatsitsa kapu pang'onopang'ono, nkhope itachita tsinya.

"Wati chiyani?"

"3 PM, bigi."

"PM! Pamaso panga? Iwe, za AM ndi PM ndi za anthu wamba. Ukudziwa kuti kunkhalango kuja gulu lonse la anyamata linatha psiti chifukwa wina anasokoneza AM ndi PM? Ndinawakwirira ndi manja angawa. Opareshoni yanga imayendera nthawi ya chisilikali. Kompyuta imeneyo ukaisinthe, izionetsa nthawi ya maola 24."

Ndikuuzeni chilungamo, akanasiya PM wa anthu wamba uja, lero Maness akanakhala akugulitsa zozizira. Koma Ndadziwakale anamanga nyumba yopanda khomo.

"Kusintha nditha," anatero Netiweki akukanda mutu, "koma manambala akewo amandizunguza. 3 koloko ndilembe chiyani?"

"Zophweka. Dzuwa likangodutsa paliwombo, msilikali amaika wani kutsogolo kwa nambala. 3 koloko ndi 13:00. 5 koloko ndi 15:00. Watha."

Thirakitala anayamba kuwerenga zala zake zikuluzikulu. "Ndiye kuti 1 koloko ndi 11:00?"

"Wayamba kuphunzira."

"Nanga 11 koloko ya m'mawa?"

"Nthawi imeneyo msilikali amakhala ali pa perete, safuna wotchi. Imwa mowa."

Netiweki anali asanakhutire. "Koma bigi, foni ina imene ndinkakonza ija, ikamati 15:00 ana amakhala akungoweruka kumene kusukulu."

"Foni imeneyo anaipangira kuti?"

"Ku China."

"Ndiye ukufuna tikabe pa nthawi ya ku China?"

Netiweki anangomwa mowa wake.

Nthawi yomweyo Maness anatulukira ndi mbale ya usipa wokazinga, naika patsogolo pa a Jenerale. Anzawowo ankalipira ndiwo, iwo ayi.

"Bambo, ankhoswe akufunsa za katundu uja," anatero motsitsa mawu. "Ine ndawauza kuti asade nkhawa, msilikali akanena wanena."

A Jenerale anaimirira, nagunda jombo. "Loweruka, fifitini handiredi awazi, katundu ali pakhomo pano!"

"Fifitini? Ndiye kumpira sindipita, ndidikira pano."

A Jenerale anadabwa pang'ono kuti mpira wa 3 koloko ukukhudzana bwanji ndi katundu wa 5 koloko, koma anangoti ndi chikondi chabe, akazi amatero. Anatola usipa wonenepa n'kuuponya mkamwa.

* * *

Lachisanu m'mawa Netiweki anafika kuofesi ya kopaletivi ndi kafulashi kodzaza nyimbo za kwaya.

"Sisi Ethel, ndakubweretserani zatsopano, zaulere. Ndione ndi kompyutayo, ndamva ikutsokomola."

"Wachita bwino, achimwene. Ikumatenga chaka kuti idzuke."

Panja panali mlimi wina akukalipa kuti mnzake wamubera madzi a m'ngalande, ndipo Ethel anatuluka kukaweruza mlanduwo. Netiweki anakokera mpando pafupi. Pakompyutapo anapita pakona yapansi pamene pamakhala nthawi, natsegula zosinthira, napeza pamene panalembedwa maola 12, nasankha maola 24. Anatseka maso, nakanikiza.

Atatsegula maso, pamene panali 10:00 AM panali 10:00. AM yekha ndi amene anasowa.

"Aa, kani n'zomwezi?" anadziyankhulira. "Bigi uja ndi dolo."

Akanabwera masana akanaona zina, koma tsoka silinunkha. Anatsegula timabokosi tiwiri tija, nalemba za Loweruka monga anamuuzira mkulu wake: kutsegula 13:00, kutseka 15:00. Ethel atabwerera anapeza kwaya ikuimba, nathokoza, namupatsa chitumbuwa. Lachisanu amaweruka 12 koloko, choncho nayenso sanaone kanthu.

* * *

Loweruka anyamata a kwa Kawinga anafika pa lole, ataoloka Shire ndi ng'oma, mavuvuzela ndi amayi ovina atamanga mipango. Mbuzi ya mphotho anaimangirira pamtengo wa m'mbali mwa bwalo, ikudya udzu mosadziwa kanthu. Pofika masana msika unali utatsekedwa, telala atasiya makina, ndipo a Ganizani alonda anali atavula kale yunifolomu n'kukolekera ng'oma m'khosi.

Kuseri kwa sitolo ya kopaletivi kunatulukira ngolo ya abulu awiri. A Jenerale anakhala kutsogolo, atadzipaka makala m'masaya, masana dzuwa likuswa mtengo.

"Makalawo ndi a chiyani, bigi?" anafunsa Netiweki.

"Kuti adani asandizindikire."

"Nanga jeketeyo? Pa Rivirivi ponse amene ali nayo ndi inu nokha."

"Nthawi ili bwanji?"

Netiweki anayang'ana foni yake, ya AM ndi PM ngati ya munthu wamba aliyense. "Kota tu fili. Tafulumira."

"Msilikali amafika nthawi isanakwane. Tidikira."

Thirakitala, amene kuima chilili kumamutopetsa, anatsamira chitseko chachitsulo chija. Chitseko chinangoti pheee, ndipo chimunthu chonse chinagwera mkati chagada, miyendo m'mwamba.

Netiweki anatong'ola maso. "Chatseguka bwanji nthawi isanakwane?"

"Ukudabwa chiyani?" anatero a Jenerale akulowa, manja kumbuyo. "Ngakhale kompyuta imadziwa kuchita sawatcha mkulu akafika."

Mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi. Mkatimo munali chuma chokhachokha: mapanelo atatsamiritsidwa kukhoma, mabatire ali ndandanda pansi, mapampu adakali m'makatoni. Thirakitala ananyamula panelo imodzi, nakaigoneka m'ngolo, nabwerera. Netiweki anatola njerwa kuti aphinjire chitseko, poti chinali ndi sipuling'i yochibweza chokha.

"Chotsa njerwa imeneyo," analamula a Jenerale. "Chitseko chosatseka chimaitana maso. Chizibwerera, tili ndi maola awiri athunthu."

"Ndiye inu mukaime panja, muzitiyang'anira."

"Iyayi. Mkulu wa nkhondo sasiya anyamata ake okha." Chilungamo chake n'chakuti ankaopa kuti anyamatawo asankha mabatire abwino n'kuwabisira.

Anakhala pathumba la mbewu, napingasa miyendo, nayamba kusankha katundu ndi chala ngati mayi pa kaunjika. Batire ili iyayi, lakalambalamba. Ilo iyayi, mtundu wake sugwirizana ndi khoma la Maness. Thirakitala ankanyamula, kutsitsa, kunyamulanso, thukuta lili kamukamu. Kubwalo kunkamveka ng'oma ya a Ganizani ndi nthungululu.

Ndi pamene Netiweki anakweza maso. Pamwamba pa chitseko, cham'kati, panali kabokosi ka manambala ofiira, koonetsa nthawi ya kompyuta ija. Kanalemba 14:57.

"Bigi."

"Usandisokoneze, ndikuganiza."

"Bigi, manambala awo. Mwa lamulo lanu lija, akuti kwatsala mphindi zitatu kuti ikwane 5 koloko."

"Pa opareshoni nthawi imathamanga."

"Koma foni yanga ikuti 2:57." Netiweki anayang'ana foni, nayang'ana kabokosi, nayang'ananso foni. Ubongo wake unayamba kudzuka pang'onopang'ono ngati kompyuta ya Ethel. "Tadikirani. Ngati 2 koloko ndi fotini, ndiye kuti 3 koloko ndi..."

"Ndinati usamakhulupirire za ku China."

"Ndiye kuti fifitini ndi... Thirakitala, tsegula chitseko! Tsegula!"

Thirakitala anali pakati pa chipinda, batire lolemera ngati mwana wa ng'ombe lili pachifuwa. "Ndiliike pati kaye?"

"Liponye!"

"Likaswekatu ndi la alamu athu a Maness."

Netiweki analumpha matumba, napunthwa pa pampu, nadzuka, natambasula dzanja. Zala zake zitangokhudza chitsulo, manambala anasintha kukhala 15:00, ndipo maginito anati khaa!

Kenako Thirakitala anasuntha phazi, ndipo sairini inadzuka.

Abale, sairini imeneyo bungwe lija silinaumire ndalama. Inalira moti nkhuku za ku Utale zinasiya mazira. A Jenerale, amene anamenya nkhondo kunkhalango, anadumphira kuseri kwa matumba a feteleza, atagwira makutu, akufuula kuti, "Mayo ine! Mayo ndafa!"

"Bigi," anakuwa Thirakitala, batire lidakali pachifuwa, "kodi kunkhondo kuja kunalibe sairini?"

Panja abulu sanadikire kuuzidwa. Analiyatsa liwiro, ngolo ikudumphadumpha, panelo ikunyezimira kumbuyo. Ndipo poti bulu akathawa amalunjika kumene kuli udzu, analowa m'bwalo la mpira.

Tsiku limenelo, kwa nthawi yoyamba m'mbiri ya Rivirivi, mpira unali kuyamba pa nthawi yake, chifukwa mwini lole anati sayenda usiku. Refu anali atangoika wezulo pakamwa pamene abulu anadutsa pakati pa bwalo, nabalalitsa otchinga kumbuyo a kwa Kawinga, nakaima m'golo.

"Chigoli!" anakuwa woledzera wina.

"Panelo iyo ndi ya kopaletivi!" anakuwa a Ganizani, naponya ng'oma pansi.

Bwalo lonse linakhuthukira ku sitolo: matimu onse awiri, refu, amayi a mipango, ogulitsa nzimbe, ndi mnyamata wina wa kwa Kawinga amene anakumbukira kumasula mbuzi n'kuthamanga nayo, poopa kuti a Rivirivi angaibe mpira usanaseweredwe.

* * *

Mkati muja nkhondo inali itabuka.

"Mwatipha, bigi! Fifitini ndi 3 koloko!"

"Khala chete! Wathamangitsa wotchi ndiwe. Zala zakozo zinazolowera kuika nyimbo, wakanikiza polakwika, wotchi yatsogola ndi maola awiri."

"Sindinakhudze china chilichonse!"

"Ukutsutsana ndi ine za chisilikali? Thirakitala, thyola chitseko!"

Thirakitala anabwerera m'mbuyo, nathamanga, nagunda chitseko ndi phewa. Chitseko sichinamve kanthu. Iye anakhala pansi n'kuyamba kuitana amalume ake.

Sitoloyo inali ndi windo limodzi la zitsulo, ndipo posakhalitsa linadzaza nkhope. Wina anakwera padenga n'kuzula waya wa sairini. Kunja kunamveka mawu osasangalatsa kwa munthu wotsekeredwa: ena ankafunsa za zibonga, ena ankati chitseko chitseguke kaye tione.

Apa ndiwapatse ulemu wawo a Jenerale, bodza ankalidziwa. Anadzuka, nasasa feteleza pa jekete, napukuta misozi pamodzi ndi makala, nayenda mpaka pawindo chifuwa chili patsogolo.

"Anthu a pa Rivirivi, khalani chete! Alonda a pano ndani?"

A Ganizani anadzipanikiza kufika kutsogolo. "Ndine, bwana."

"Munali kuti?"

"Ku... kubwaloko pang'ono, bwana."

"Mwalephera mayeso! Ine ndatumidwa ndi akuluakulu kudzayesa chitetezo cha malo ano. Ndalowa masana, ndatulutsa panelo, palibe wondifunsa. Akanakhala akuba enieni, bwenzi pano mukulira. Lipoti langa likafika kumene likupita, ena a inu mudzasowa pogwira."

Khamu linazizira. A Ganizani anachita sawatcha ndi dzanja lamanzere. Che Hamadi, kaputeni wa timu ya kwa Kawinga, anatsitsa mwala umene anatola, nati, "Wallahi, tikanalakwira munthu wa boma. Pepani, ambuje." Ethel anali atafika akupuma mwawefuwefu, makiyi a ofesi ali m'manja, ndipo anthu anayamba kumuuza kuti afulumire, atsegulire bwana.

Netiweki anatsina Thirakitala. "Aise, tikutuluka. Mdala uyu ndi mfiti."

Ndipo akanatulukadi. Koma anthu anapatuka, napereka njira kwa mayi wina amene ankabwera osathamanga, atavala chitenje chatsopano chimene anasungira chinkhoswe. Anali Maness. Anali atasesa pabwalo, atakonza pakona poika mabatire, atakhala pakhonde kudikira katundu wa fifitini handiredi, mpaka pamene sairini inamuitana ngati ena onse.

Anafika pawindo, nayang'ana makala a m'masaya, nayang'ana mabatire ataunjikidwa pafupi ndi chitseko, nayang'ana Thirakitala akusisita phewa. Sanakalipe.

"Bambo, ndiye katundu wa ku usilikali uja ndi ameneyu?"

"Mayi, izi ndi za ntchito. Ndikufotokozerani kunyumba."

"Chabwino. Msilikali akanena wanena." Anakweza chala, naloza kudutsa zitsulo za windo, pamwamba pa chitseko. "Maso angawa ayamba kufooka ndi utsi. Tandiwerengerani manambala ofiirawo. Akuti nthawi ili bwanji?"

Manambala anali 15:30.

Netiweki anakwawira kumbuyo kwa mkulu wake, nanong'ona, "Hafu pasiti fili, bigi. Chonde. Hafu pasiti fili."

Yankho linali m'khutu, laulere. Munthu wanzeru akanangolitola, n'kutuluka, n'kukwatira mawa lake. Koma Jenerale angauzidwe nthawi ya chisilikali ndi woika nyimbo m'mafoni, pamaso pa mkazi wake, pamaso pa Rivirivi ndi Kawinga yense? Anamukankha ndi jombo, nagunda zidendene, nakweza mawu kuti ndi akumbuyo omwe amve.

"Fifitini sate awazi! Kwa inu anthu wamba, hafu pasiti faifi!"

Refu anayang'ana wotchi yake. Ena anatulutsa mafoni. Ambiri anangokweza mitu n'kuyang'ana dzuwa, limene linali lidakali pamwamba likuwotcha anthu mapewa.

"Koma wotchiyo yathamanga," anawonjezera a Jenerale, mawu atayamba kuchepa. "Mnyamatayu anai..."

Anayamba kuseka anali a Ganizani, dzanja la sawatcha lidakali pachipumi. Kenako Che Hamadi anagwira pamimba, nakhala pansi m'fumbi, akuti, "Astaghfirullah, msilikali wa kuti ameneyu?" Kenako khamu lonse linaphulika. Mavuvuzela analira, amayi a mipango anaimba nthungululu, ndi mbuzi yomwe inayankhira. Zibonga zinagwa pansi, poti munthu sangamenye mnzake akuseka chotero.

Maness yekha sanaseke.

"Ine kunkhondo sindinapiteko," anatero phokoso litatsika. "Ndinkangogulitsa mazira pa siteshoni. Koma sitima ya fifitini sate ndikanaidikira hafu pasiti faifi, ana anga akanagona ndi njala." Anayandikira zitsulo zija. "Ndifunse kamodzi kokha, a Clever. Jeketeyi munaitenga kuti?"

Dzina limenelo linawalasa kuposa sairini. Anayang'ana anthu, nayang'ana jombo zawo, ndipo chifuwa chija chinaphwa.

"Pa kaunjika," anatero chapansipansi. "Ku Liwonde."

"Mukanabwera ndi manja okha, ine ndikanakulandirani. Kachasu ndinamuzolowera. Ndinangopempha chinthu chimodzi."

Anakonza chitenje chake chatsopano, natembenuka, ndipo anthu anamupatsanso njira. Pamenepo ndinamva chisoni, sindikubisirani, ngakhale nthiti zinali zikuwawa ndi kuseka.

Ethel anabweza makiyi m'chikwama, nati kompyuta yatseka pa nthawi imene anaiuza eni ake, iye sangaitsutse, itsegula apolisi akafika. Apolisi anafika ndithu hafu pasiti faifi yeniyeni, chifukwa galimoto yawo inalibe mafuta, ndipo mbava zitatu zinapita ku Balaka pa ngolo yomwe ija, Thirakitala akuyendetsa ndi unyolo m'manja, poti abuluwo samvera munthu wina.

Mpira unaseweredwa mawa lake, Lamulungu, ndipo chakudya chimene Maness anakonzera chinkhoswe anachigulitsa kubwalo mpaka chinatha. Ethel sanabwezenso wotchi ija ku AM ndi PM, akuti yaonetsa kuti imagwira ntchito kuposa alonda.

A Clever anabwerako patapita nthawi, atavala malaya wamba, ndipo masiku ano amathandiza amalume a Thirakitala kudyetsa abulu. Pansi pa mtengo wa mango paja sapondapo. Koma mukafika pa Rivirivi n'kupangana ndi munthu nthawi yokumana, musadabwe akakufunsani kuti, "Nthawi yake iti, yathu kapena ya a Jenerale?" Dzina lija latsala pamenepo pokha.